Womasulira Filimu Aphunzire Kukhala Chete

Chimene chimandiwawa m'mafilimu a Chimwenye omasuliridwa m'Chichewa n'chakuti ma DJ ambiri sapumitsa pakamwa. Anthu amatama wolongolola, woponya nthabwala zake pamwamba pa nthabwala za eni filimu, amvekere katswiri ndi ameneyu. Ine ndikuti katswiri ndi wodziwa posiyira.

Kufotokozera filimu si kwachilendo kuno. Bungwe la Central African Film Unit, lomwe linayamba mu 1948 ku Salisbury, linkatumiza mafilimu opanda mawu m'midzi ya Nyasaland ndi Rhodesia, munthu n'kumaima pambali kufotokoza. Kwa ameneyo kulankhula kunali kofunika, poti zithunzizo zinali duu. Koma filimu ya ku India inayamba kulankhula yokha mu 1931, pamene Ardeshir Irani anatulutsa Alam Ara ku Bombay, ya nyimbo 7. Ankajambula usiku phokoso la sitima litachepa, atabisa maikolofoni pafupi ndi osewera. Mawu ovutikiridwa chonchi sayenera kukwiriridwa ndi macheza a munthu wina.

Taonani Gol Maal ya Hrishikesh Mukherjee, ya 1979. M'filimuyi, Amol Palekar wagwidwa ndi bwana wake, Utpal Dutt, akuonera masewero nthawi ya ntchito. Ndiye akunama kuti anali mphwake wamapasa wopanda ndevu zapamlomo, ndipo bodzalo likukula mpaka kufuna mayi wobwereka. Phwete lenileni lili pamene bwana wamuyang'anitsitsa, mnyamata n'kumeza malovu, bodza lisanatuluke. Kamphindi kachete kameneko ndi kokoma zedi! DJ akalowetsapo mawu ake, nthabwala yafera pompo. Za mafilimu a nkhonya sindikunenako; kumeneko alongolole mmene angafunire.

Ena adzati oonera samva Chihindi, ndipo m'nyumba zoonetsera mafilimu muli phokoso, choncho mawu asaduke. N'zoona kuti zolankhula za osewera zimafuna womasulira. Koma nkhope siifuna. Wothyola tiyi ku Thyolo amadziwa kale mmene mkamwini amazyolikira pamaso pa apongozi, ndi mmene mwana amachitira chibwibwi malume akamufunsa. Nthabwala za m'banja zimakhala pa ulemu ndi mantha amenewa, ndipo n'zathu zomwe. Choncho DJ amasulire zimene zanenedwa, mwachidule ndi pa nthawi yake, ndipo osewera akakhala chete kapena nyimbo ikayamba, maikolofoni aiike pansi kuti oonera aseke okha.