Za Kambalame ka ku Thyolo, ndi Buku Lonena za Iko

Abale athu aphunzitsi ndi akatekisti, tawerenga buku la The Birds of Malawi, limene analemba Françoise Dowsett-Lemaire ndi Robert Dowsett, nalisindikiza m'caka ca 2006. Tifuna kuliyesa pa kambalame kamodzi kokha, kamene Azungu akachula Thyolo alethe.

Kambalameka kacepa pang'ono ndi pumbwa. Msana wace ndi wofiirira, khosi lace loyera, ndi kunsonga kwa mcira wace kuli mawanga oyera. Sikakhala m'munda kapena m'chire la misuku, koma m'nkhalango zowirira za m'mapiri, momwe masamba sayoyoka ndi cilimwe comwe. Kadyedwe kace nkodabwitsa. Pakuti linthumbu likamayenda, tizirombo tobisala m'zinyalala tithawa, ndipo iko katsata pambuyo, katera pa kanthambi ka m'munsi, nikatola tothawato. Ife tithira phulusa kuti linthumbu lipatuke, koma kwa iko linthumbu ndilo mlenje wace.

Bukuli tiliyamika, cifukwa eni ace anayenda okha m'mapiri, namvera kulira kwa mbalame ndi makutu ao, nalemba malo amene mtundu uli wonse upezeka. Koma cotidandaulitsa ndi ici: linalembedwa m'Cingerezi, ndipo mwana wa ku Thyolo, amene atema nkhuni m'phiri lomwelo, sadzaliwerenga.

Taonani ndi dzina lomwe. W. L. Sclater anakalemba koyamba m'caka ca 1927, nakapatsa dzina la Cilatini lakuti choloensis, potsata machulidwe a Azungu a masiku aja, amene anati Cholo pofuna kunena Thyolo. Cotero kambalame ka kwathu kadziwika ku maiko akutali ndi dzina lopotoka, pamene ife m'sukulu tingoti “kambalame”, monga ngati timba, pumbwa ndi iko ziri cinthu cimodzi. Mlandu umenewu si wa olemba buku ai, koma wathu.

Ndipo nthawi yatha. Nkhalango yaikuru ya pa phiri la Thyolo inadulidwa, nisanduka minda ya cimanga, kotero kuti phiri limene linakapatsa dzina silikasunganso monga kale. Katsala pa Mulanje, ndi kutsidya kwa malire ku Mozambique, pa mapiri a Namuli, Chiperone ndi Mabu. Pa Mabu ofufuza anakapeza m'caka ca 2005.

Cifukwa cace tipempha inu okhala m'tsinde mwa mapiriwa, pitani kwa akulu akale, a Cimang'anja ndi a Cilomwe omwe, muwafunse dzina la mbalame yotsata linthumbu. Mulilembe monga alichula iwo, osalikonza, nimuphunzitse ana pa phunziro la zolengedwa. Pakuti mwana sadzaleka nkhwangwa cifukwa ca cinthu cimene sadziwa kucichula.