Dzuwa labodza la pa mapu a ku Switzerland

Anthu akamakamba za mapu amafunsa funso limodzi lokha, ndipo funsolo landitopetsa: kodi ndi olondola? Msewu ukakhala pamalo pake, basi, mapu aja akhoza mayeso. Komatu kulondola ndi ntchito ya woyeza malo ndi zida zake. Wojambula amayamba pamene woyezayo walekezera, ndipo pa dziko la mapiri udindo wake ndi woti diso lione lokha kuti apa mpokwera, apo mphompho, munthu asanawerenge nambala ngakhale imodzi. Amene anaugwira bwino udindowu kuposa onse ndi a ku Switzerland.

Sakadachitira mwina. Gawo loposa theka la dziko lawo ndi mapiri a Alps, ndipo dzikolo linayambira m'zigwa za pakati pa mapiriwo, pamene madera a Uri, Schwyz ndi Unterwalden anapangana zotetezana mu 1291. Dzina la dziko lonse linachokera ku Schwyz komweko. Mapu oyamba olondola a dziko lonse anawatsogolera ndi Guillaume-Henri Dufour wa ku Geneva, mapepala 25 amene anayamba kutuluka mu 1845 n'kutenga zaka pafupifupi 20. Ankawazokota pa mkuwa, n'kusindikiza ndi inki yakuda yokha. Yandikirani pepala limodzi muone. Phiri lililonse ndi timizere tambirimbiri totsika ndi mtsetse, tonenepa ndi tothithikana mbali ina, topyapyala ndi totalikirana mbali inayo. Mukalitalikitsa pang'ono, timizereto timasungunuka, phiri n'kudzuka papepala. Mu 1863 boma linatcha nsonga yaitali kuposa zonse m'dzikomo, ya mamita 4,634, kuti Dufourspitze. Sindiona kuti anamukondera.

Chinsinsi chake ndi bodza, ndipo ine ndili kumbali ya bodzalo. Pa mapu amenewa kuwala kumachokera kumpoto chakumadzulo, pakona ya kumwamba kumanzere kwa pepala. Koma ku Switzerland dzuwa la masana limakhala kummwera! Katswiri wa za miyala Albert Heim analimbana nazo kwambiri zimenezi, akufuna kuti mapu aziwalitsidwa kuchokera kummwera monga mmene chilengedwe chimachitira. Za dzuwa ankanena zoona, koma diso la munthu sanalimvetse. Tengani mapu otere muwazondotse: zigwa zimatukumuka n'kukhala zitunda, mitsinje n'kumayenda pamwamba pa mapiri. Diso linazolowera kuti kuwala kumagwa kuchokera kumwamba, ndipo silimva za kampasi.

Amene anafikitsa lusoli pachimake ndi Eduard Imhof, yemwe anayambitsa dipatimenti ya za mapu pa sukulu ya ukachenjede ya ETH ku Zurich mu 1925. Munthuyu ndingamukambe mpaka kucha. Iye anadziwa kuti dzuwa limodzi silikwanira mapu onse. Chitunda chikagona molunjika kumene kuwala kukuchokera, mbali zake zonse ziwiri zimawala mofanana, ndipo chitundacho chimasowa. Ndiye wojambula amalisuntha dzuwa mwakachetechete pa chitunda chokhacho, mbali ina ide, ina iwale, kenako n'kulibwezera pamalo pake wowerenga osazindikira. Amasiyanso dala timakwawa tosafunika kuti msana wa phiri uoneke wonse. Pa utoto anabwereka zimene aliyense waonapo, zoti zinthu zakutali zimaoneka zotuwa mobiriwira ngati zili mu utsi. Kwa woyang'ana kuchokera kumwamba, chakutali ndi chigwa, chapafupi ndi nsonga. Choncho zigwa za Imhof n'zofatsa, zobiriwira motuwira, pamene nsonga n'zakuthwa, zachikasu chowala kumbali ya dzuwa, zakuda mobiriwira kumthunzi. Chithunzi chake chachikulu cha dera la nyanja ya Walensee, cha mu 1938, chimachititsa chizungulire ngati waima m'mphepete mwa thanthwe.

Yerekezani ndi mapu a m'mabuku a kusukulu, aja opaka zobiriwira malo otsika ndi zofiirira malo okwera, moti mwana amaganiza kuti chigwa chilichonse ndi dambo ngakhale chili m'chipululu. Za mizere yozungulira yosonyeza kukwera kwa malo sindinena zambiri. Ndi yofunika kwa womanga msewu, koma ndi masamu, si chithunzi. Nanga mithunzi ya pa kompyuta? Imaika dzuwa pamalo amodzi n'kuonetsa kakhwinya kalikonse mofanana, phiri n'kumaoneka ngati pepala lofwanyika. Zoseketsa n'zakuti pulogalamu imene yayamba kuchita bwino masiku ano inaphunzitsidwa pa mithunzi yojambula pamanja ya ku Switzerland, ndipo anaitcha Eduard.

Chimene oweruza mapu sachiyang'ana n'komwe ndi mayina. Dziko ili lili ndi zinenero zinayi, Chijeremani, Chifalansa, Chitaliyana ndi Chiromanshi, ndipo mapu abwino amakuuza pamene wadutsa malire a chinenero popanda kulemba mzere. Nsonga zotchedwa Horn zikasanduka Dent, walowa kwa olankhula Chifalansa. Ukayamba kuona Piz, monga Piz Bernina, wafika ku Graubünden kwa Aromanshi. Phiri la mamita 4,478 la pamalire ndi Italy ndi Matterhorn kwa a ku Zermatt, koma Cervino kwa a tsidya linalo, ndipo mzinda wa zinenero ziwiri umalembedwa Biel/Bienne. Imhof analemba nkhani yathunthu mu 1962 ya mmene dzina liyenera kukhalira papepala: la mtsinje lipindike ndi mtsinjewo, la mtandadza wa mapiri litambasuke pamsana pake, ndipo lisakwirire chimene likutchula. Mapu a pa foni amangoliponya dzina pamene pali mpata.

Ofesi ya boma yojambula mapu ya swisstopo ku Wabern, pafupi ndi Bern, inasunga kwa nthawi yaitali luso lojambula matanthwe pamanja, kamzere ndi kamzere. Amisiri ake ena ankabisamo zoseweretsa. M'zaka za m'ma 1980 wina anajambula kangaude pa phiri la Eiger, ndipo mu 2016 kunapezeka kanyama ka m'mapiri kofanana ndi mbira katabisala m'timizere ta thanthwe. Ofesiyo imafufuta zotere ikazipeza, poti si zolondola. Ine ndimadabwa ndi luso lake: timizere tomwe tinapanga ubweya wa kanyamako tinali tikugwirabe ntchito yosonyeza kutsetsereka kwa thanthwe, n'chifukwa chake oona zolakwika anakadutsa kwa zaka osakaona.