Chotsala 5 chomwe si malita 5

Chigubu cha malita 20 a mafuta ophikira chikukhuthulidwa m'mabotolo a malita 1,5. Mabotolo ndi angati? Njira yomwe ana amaphunzitsidwa, yochotsa vírgula pochulukitsa manambala onse awiri ndi 10, imapereka 200 ÷ 15: yankho 13, resto 5. Vuto lagona pamenepa. Mwana amalemba kuti atsala malita 5, pomwe m'chigubu mwatsala theka la lita basi. Njirayi imakhala chete pa mfundo yakuti chotsalacho nachonso chinachulukitsidwa ndi 10.

Funso lenilenilo ndi losalongosoka. Mabotolo odzaza ndi 13, koma mayi wogulitsa mafuta pamsika wa Kwachena mumzinda wa Tete afunika 14 kuti chigubu chiume. Yankho la 13,33 lilibe ntchito kwa iye.

Ntchito ya PEBIMO, kuyambira 1993 mpaka 1997, inaonetsa kuti ana a m'chigawo cha Tete amalankhula momasuka pophunzira m'Chinyanja. Koma dongosolo la 2003 linasamutsira maphunziro ku Chipwitikizi pa kalasi 4, masamu ogawa ndi vírgula asanafike. Kusiyana kwa "odzaza" ndi "ofunika" mwana amakumana nako m'chilankhulo chomwe sanachizolowere.