Makwerero a Discorama ndi Nthenga za a Carpentier

Kodi woimba akaitanidwa pa wailesi yakanema, amapita kukaimba kapena kukaonetsedwa? Ku France funsoli linayankhidwa pawiri, ndipo mayankho akewo sagwirizana.

Maritie ndi Gilbert Carpentier, mkazi ndi mwamuna wake, ndiwo ankakonza Numéro un pa TF1 kuyambira 1975 mpaka 1982. Loweruka madzulo woimba mmodzi ankakhala ngati mwini mudzi, naitana anzake, iwo nabwera atavala nthenga ndi zonyezimira kudzaimba awiriawiri ndi kuchita timasewero. Anthu amene sakanaimbira limodzi pa mbale ankakumana pamenepo. Ili ndi luso ndithu, sindikana. Koma kawirikawiri nyimbo inali yojambuliratu, woimba nangoyendetsa milomo. Munthu wotere sangalakwe, ndipo poti sangalakwe, ife oonera tilibe chomudera nkhawa. Timangotamanda telala.

Denise Glaser anayenda njira ina. Discorama yake inayamba mu 1959 ngati pulogalamu yolengeza mbale zatsopano, koma m'kupita kwa zaka inavula zonse. Raoul Sangla, amene ankatsogolera ojambula, anasiya makwerero ndi makamera kuti azioneka poyera m'chipinda chopanda kanthu. Panatsala mipando iwiri ndi nkhope. Mayi Glaser ankafunsa funso, kenaka n'kukhala chete. Mlendo ayankhe, iwo chetebe! Pamenepo Serge Gainsbourg kapena Léo Ferré ankasowa pobisala, nayamba kunena zimene sanakonzekere. Kamera ili pa maso, pa zala zofunafuna ndudu. Kukhala chete kumeneko, kumene ena ankati n'kusadziwa ntchito, ndiko kunali chida chawo chachikulu, pakuti kunabwezera woimba mwayi wolakwa.

Tisanamizane: Discorama nthawi zina imatopetsa, makamaka mlendo akakhala wopanda nkhani, pamene a Carpentier satopetsa konse. Komabe ndikaonera zonse ziwiri, Numéro un imandiuza zimene anthu ankavala mu 1977, Discorama imandiuza kuti Barbara anali munthu wotani.

Amene anasankha pakati pa ziwirizi si oonera ayi. Bungwe la boma la ORTF litaphwasulidwa kumapeto kwa 1974, akuluakulu atsopano anachotsa Discorama mu Januwale 1975, chaka chomwe Numéro un inabadwa. Mayi Glaser sanapatsidwenso pulogalamu yawoyawo yotere. Anamwalira mu 1983 ali osauka, ndipo mwa oimba onse amene anawakweza, ku maliro kunafika Barbara ndi Catherine Lara.