Zimene chiwerengero cha ku Chiradzulu sichinafunse

Lipoti la Médecins Sans Frontières lomwe linatuluka mu The Lancet mu 2006, lonena za odwala 1,308 a m'boma la Chiradzulu amene anayamba kumwa ma ARV, n'loyenera ulemu. Linatsutsa onyoza kuti anthu akumudzi sangasunge nthawi ya mankhwala, pakuti mwa omwe anayezedwa magazi, 84 pa 100 alionse kachilombo kanali katafooka kwambiri.

Koma muyeso wake ndi wa dokotala: wamoyo, womwalira, wosowa. Mawu oti wosowa angathe kubisa maliro, chifukwa wofera kwawo ku Magomero sabwerera kuchipatala kukalembetsa. Ndipo chiwerengerocho sichitiuza ngati mayi anabwereranso kumunda, kapena ngati bambo akuimanso pa swala osatsamira khoma la mzikiti.