Nkhuku za Koen Vanmechelen ndi Dzanja la Woŵeta

Koen Vanmechelen, mmisiri wa ku Belgium wobadwa m'chaka cha 1965, amaumba zinthu ndi galasi ndiponso amajambula, koma chimene chidamtchukitsa ndi nkhuku zamoyo. M'chaka cha 1999 adakweretsa nkhuku ya kwao, Mechelse Koekoek, ndi ya ku France yotchedwa Poulet de Bresse, ija ya lipombo lofiira, nthenga zoyera ndi miyendo ya buluu monga mbendera ya dzikolo. Anapiye ake adaŵatcha Mechelse Bresse. Iwoŵa adaŵakweretsa ndi Redcap ya ku England, kenaka Jersey Giant ya ku America, mpaka kufika ku Fayoumi ya ku Egypt ndi nkhuku za ku Senegal. Ntchito yonseyi dzina lake ndi Cosmopolitan Chicken Project, ndipo yapitirira mibadwo 20.

Chimene mmisiriyu afuna kutiwonetsa nchomveka, ndipo tiyenera kuvomereza kuti chili ndi mphamvu. Nkhuku zoŵeta zonse gwero lake lalikulu ndi nkhuku yakutchire ya ku Asia. Tsono mitundu imene maiko amainyadira kuti ndi yao yeniyeni ndi yochita kupanga: anthu adapatula mbalame zina, nazitsekera m'khola kwa mibadwo yambiri kufikira zitafanana ndi maloto a eni ake. Kupatulako kumafooketsa magazi. Munthu woona tambala wa Vanmechelen m'nyumba yoonetsera zaluso sachedwa kuzindikira kuti nkhani yake si ya nkhuku ai. Alimi athu sangadabwe nazo kwenikweni, popeza Black Australorp ya ku Mikolongwe yakhala ikusakanizidwa ndi nkhuku zachikuda kwa zaka zambiri, ngakhale palibe adaitchapo luso.

Komabe fanizo lili lonse lili ndi polekezera, ndipo ili litsimphina pa malo oŵaŵa. Nkhuku sisankha. Amene amati tambala uyu aloŵe m'khola la thadzi ili, m'chaka chakuti, mu mzinda wakuti, ndi woŵeta. Onaninso maina: Mechelse Bresse, Mechelse Redcap, Mechelse Fayoumi. Magazi a ku Mechelen amanka nachepa mbadwo ndi mbadwo, koma dzina la ku Mechelen silichoka patsogolo. Mlendo ali yense amaloŵa m'banja la ku Belgium, nalandira mfunda wa kumeneko.

Tikunena izi chifukwa dziko la mmisiriyu lidakhalapo woŵeta wa anthu. M'nthaŵi ya utsamunda ku Congo, Rwanda ndi Burundi, ana obadwa kwa bambo wachizungu ndi mai wachikuda ankalandidwa kwa amai ao nkukasungidwa kutali, ambiri m'nyumba za misyoni monga ya asisteri ku Save, m'dziko la Rwanda. Pofika nyengo ya ufulu, mazana a iwo adatumizidwa ku Belgium, ena atasinthidwa maina. Aepiskopi a ku Belgium adapepesa m'chaka cha 2017, ndipo nduna yaikulu Charles Michel idapepesa m'malo mwa boma mu April 2019. Ife a Eklezia sitingaŵerenge mbiri imeneyi ngati ya eni ake. Chaka chomwecho cha 2019 Vanmechelen adatsekula Labiomista, munda wake waukulu wa ku Genk, pa malo amene kale padali mgodi wa malasha ndipo pambuyo pake posungira nyama zoonetsa. M'makola okongolawo kusakanizana kumaoneka ngati chikondwerero chokhachokha; mai wolandidwa mwana mulibemo.

Mbali ya ntchito yake imene tiikhulupirira koposa ndi yosatchuka ija, Planetary Community Chicken, imene adaionetsa ku National Gallery of Zimbabwe mu Harare m'chaka cha 2016. Kumeneko tambala wake amakweretsedwa ndi nkhuku za kumaloko kuti anthu apeze mazira ndi ndiwo. Anapiye akachoka m'manja mwa mmisiri, wosankha amasanduka mai wa pamudzi, amene amadziŵa thadzi lofungatira bwino ndi lozemba mphamba, ndipo sasamala kuti agogo ake adachokera ku Mechelen.