Kodi Mfarisi anatilakwira chiyani?

Abale anga olemba, sabata ino tikambirane za liwu limodzi lomwe timaliponya papepala osaganiza. M'nkhani zathu zazifupi, m'ndakatulo, ngakhale m'masewero a Pasaka amene achinyamata amachita m'matchalitchi kuyambira ku Nkando mpaka ku Karonga, Mfarisi ndi munthu mmodzimodzi: wankhope yokwinya, wachiphamaso, wowerengera anzake machimo. Mkulu wa mpingo akadya chopereka m'nkhani, wolemba amangoti "Mfarisi", basi wamaliza. Uwu ndi ulesi, ndipo akatswiri a mbiri anautaya kalekale.

Mu 1973 Geza Vermes anatulutsa buku lotchedwa Jesus the Jew, kutikumbutsa kuti Yesu anabadwa, kupemphera ndi kufa ali Myuda. Mu 1977 E. P. Sanders, m'buku lake la Paul and Palestinian Judaism, anawerenga zolemba za Ayuda eni ake, kuphatikizapo mipukutu imene inayamba kupezeka ku Qumran mu 1947. Anapeza kuti iwo sankaphunzitsa zoti munthu amagula chipulumutso ndi ntchito. Ankakhulupirira kuti Mulungu anawasankha mwa chisomo, ndipo kusunga chilamulo inali njira yokhalirabe m'panganolo.

Koma sitifunika mpaka ku yunivesite kuti tione zimenezi. Tsegulani Buku Lopatulika lomwe lija, lakhala nafe kuyambira 1922. Pa Luka 13, amene akuchenjeza Yesu kuti athawe Herode ndi Afarisi. Pa Machitidwe 5, woteteza atumwi pabwalo la akulu ndi Mfarisi Gamaliyeli. Pa Machitidwe 15 pali Afarisi okhulupirira Yesu, ndipo pamutu 23 Paulo akudzitchulabe Mfarisi, atatembenuka kale. Nanga mawu owawa a pa Mateyu 23? Akatswiri ambiri amati uthengawu unalembedwa Aroma atagwetsa Kachisi wa ku Yerusalemu m'chaka cha 70, pomwe magulu a Ayuda ankalimbirana kuti wolowa chuma cha makolo ndani. Inali ndewu ya pachibale. Ife obwera tinangotola zitonzo zake n'kuziyesa chiphunzitso. James Dunn mu 1991 analemba kuti kusiyana kwa Chiyuda ndi Chikhristu kunachitika pang'onopang'ono, ndipo Daniel Boyarin mu 2004 anafika ponena kuti malire ake analimba m'zaka za m'ma 300.

Mabukuwa ali ndi chilema chawo kwa ife. Analembedwa ndi maso a ku Ulaya ndi ku America, kumene kuphedwa kwa Ayuda m'nthawi ya Hitler kunakakamiza anthu kufunsa zomwe maulaliki awo anafesa. Za mudzi ngati wathu sanena kanthu. Ndiye wina afunsa: pa Nkando palibe sunagoge, tikupweteka ndani eti?

Tikupweteka mnzathu woyandikana naye nyumba. Funso la chilamulo lili ndi mizu chakuno. Joseph Booth, yemwe anafika m'dziko muno mu 1892, atayamba kusunga Sabata anatsegula mishoni ya Plainfield ku Thyolo. Mu 1902 inapita m'manja mwa a Seventh-day Adventist, ndipo lero tonse timaidziwa kuti Malamulo. Dzina lenilenilo likunena nkhani. Choncho wotseka golosale Loweruka ndi kukana nkhumba, ndiye amene dzina la "Mfarisi" limamugwera. Nayenso amabweza: wopemphera Lamulungu ndi wa ku Babulo. Onse awiri akutukwanirana ndi mawu a mkangano wa zaka pafupifupi 2,000 zapitazo, pomwe otsatira Yesu oyambirira ankapitabe ku Kachisi tsiku ndi tsiku.

Sindikuti tileke kudzudzula achinyengo m'mipingo. Alipo, ndipo cholembera chiwakwapule. Koma wachinyengo timutchule ndi ntchito zake, osati ndi dzina la gulu lomwe munachokera Nikodemo ndi Paulo. Ndipo amene mukukonza sewero la Pasaka, yesani kulemba Mfarisi wokhala ndi dzina, mkazi ndi ana, woopa kuti Aroma akakwiya mtundu wake utha, wokonda Mulungu moona koma wosamvetsa mphunzitsi wa ku Galileya uja. Sewero lotero lidzawawa kuposa lija timaombera m'manja chaka ndi chaka, chifukwa woonera sadzadziwanso kuti iye akanaima mbali iti.